Alamu Anga a Kutsidya kwa Msewu

Kuno ku Ntcheu malire a dziko ndi msewu. Ukamapita ku Dedza kudzera ku Biriwiri ndi ku Mlangeni, kumanja ndi kwathu, kumanzere ndi ku Mozambique. Ife pokula sitinkaona kuti pamenepo pali nkhani. Uku Angoni, uko Angoni. Tinkakwatirana, tinkalirirana maliro, ng'ombe zinkadya msipu mbali ino n'kukamwa madzi mbali inayo.

Ntchito yanga idali yosoka nsapato. Ndinkakhala pakhonde la sitolo ina pa boma, ya bambo wina Msilamu amene kwawo kudali ku Manjawira. Bamboyu ndiye ankachinjanso ng'ombe za pamsika, ndipo chikopa chikakhala cha mawanga okongola ankandisungira. Zikopazo sindinkasokera nsapato ayi. Ndinkapangira zishango za ngoma, luso limene adandisiyira atate anga.

Chaka chilichonse chimanga chikalowa m'nkhokwe, mbatata zitakumbidwa, mphepo ya Julayi ikung'amba milomo, midzi inkasonkhana pabwalo la kuseri kwa msika kudzavina ngoma. Padalibe woitana anthu. Amayi ankangoyamba kunyika chimera, mbiri n'kumayenda yokha. Tsikulo likafika, a kutsidya kwa msewu ankatsika m'mapiri atanyamula zibiya zawo m'mitolo, zikopa zija timavala m'chiuno, n'kudzavalira kuseri kwa sitolo yathu. Gule wathuyu alibe ng'oma yoimba. Amuna amandanda mizere iwiri, ife uku iwo uko, n'kumaponda pansi onse nthawi imodzi, mpaka mabotolo a m'sitolo ankagundana pa mashelefu. Amayi kumbuyo ankawomba m'manja ndi kululutira.

Alamu anga ndidawadziwa asanakhale alamu anga. Adabwera pakhonde kudzaitanitsa chishango, atatsagana ndi mlongo wawo amene adasenza chikopa pamutu. Adali munthu wamtali, woseka mokweza, wa khola lodzaza ng'ombe kutsidyako. Nditamaliza chishangocho adachinyamula, n'kuchitembenuza uku ndi uku, n'kundibwezera.

"Amisiri, chimenechi chikukokera kumanzere ngati ng'ombe ya diso limodzi. Konzaninso."

Ndidakonza. Ulendo wachiwiri iwo sadabwere, adatuma mlongo wawo uja. Iyenso adachiyang'ana n'kunena kuti achimwene sangachilandire, ndodo yake yapindika. Ndodoyo sidapindike konse, ndipo tonse awiri tinkadziwa. Adabweranso kachitatu, kachinayi. Mvula isanagwe chaka chimenecho ankhoswe adali atawoloka msewu, ndipo mtsikanayo ndiye adakhala mkazi wanga.

Alamu akamavina anthu ankasiya mowa m'zipanda. Pa ngoma pamakhala nthawi imene mwamuna mmodzi amatuluka pamzere n'kumavina yekha pakati, kudumpha ndi kulasa m'mwamba ngati akulimbana ndi mdani wosaoneka. Timati kugiya. Ambirife tinkagiya ndi mphamvu zokha. Alamu ankayamba pang'onopang'ono ngati munthu wofunafuna mbuzi yotayika, kenaka mwadzidzidzi umangoona nthenga za kumutu kwawo zili pamwamba pa mitu ya anthu onse. Potera ankatera ndi phazi limodzi, fumbi kobo. Nyimbo zakale za Chingoni ankazidziwa zonse, ndipo ndiwo ankatsogolera mzere wa kutsidya. Amayi ankathamanga kukawapukuta thukuta ndi mipango, mkazi wanga n'kumadzitama kwa aliyense wapafupi kuti amenewo ndi achimwene ake.

Zaka zimenezo chipani chidali chimodzi. Pachipata cha msika pankaima anyamata a malaya ofiira kufunsa makadi a chipani, ndipo wopanda khadi sankagula ngakhale mchere. Mtsogoleri wa dziko akamabwera kudzayendera minda, ife a ngoma ankatikweza m'malole kukamuvinira, n'kutiphunzitsa nyimbo zatsopano zomutamanda. Tinkapita, tinkaimba. Pobwerera tinkanong'onezana kuti zilibe kanthu, bola yathu ya Julayi ilipo. Anyamata a pachipata nawonso pa tsiku limenelo ankayang'ana kumbali a kutsidya akamalowa, pajatu ena mwa iwo adali amalume awo enieni.

Nkhondo ya ku Mozambique idatifika ngati mphekesera. Tinkamva kuti kutali kwina kwapsa mudzi, kwina kwaphedwa aphunzitsi. Kenaka chaka china a kutsidya adabwera ochepa ku ngoma, ndipo adanyamuka dzuwa likadali pamutu. Chaka chotsatira sadabwere. Mzere wathu udaima wokha kuyang'anizana ndi bwalo lopanda anthu, ndipo titavina nyimbo zochepa tidabalalika. Posakhalitsa munthu ukaima pa Biriwiri unkaona utsi ukufuka m'zigwa za kutsidya.

Tsiku lina masana ndikusoka, ndidaona mkazi wanga akubwera chothamanga, mpango uli m'manja.

"Abambo, siyani zimenezo. Amayi afika. Achimwene afika. Onse afika."

Ndidawapeza atakhala pabwalo la nyumba yathu, apongozi anga aakazi, alamu, akazi awo ndi ana, miyendo ili mbuu. Katundu wawo adali mphika, mphasa ndi nkhuku imodzi. Nditafunsa za ng'ombe, alamu adangotambasula manja. Anthu amfuti adafika m'mudzi, adatsegula khola n'kuzikusa zonse, eni ake akuonerera ali m'tchire.

Nyumba yathu idali ya zipinda ziwiri, ndipo munthu sagona denga limodzi ndi apongozi ake. Patapita masiku adakamanga zisakasa za udzu kufupi ndi Biriwiri, kumene othawa nkhondo anzawo adadzaza phiri lonse. Kumeneko ankalandira ufa, nandolo ndi mafuta ophikira a chithandizo. Alamu mzere wolandirira ufawo unkawawawa kuposa njala. Munthu amene ankaphera alendo ng'ombe pa ukwati, lero aziima ndi thumba m'manja kudikira kuti mnyamata wa cholembera amuitane! N'chifukwa chake adayamba kumawoloka mozemba kukatapa chimanga chimene chidatsala m'nkhokwe zawo. Kumudzi kwawoko sikudali kutali. Adapita kangapo n'kubwera bwino. Ulendo wina adaponda bomba lokwirira m'njira ya kudimba kwawo komwe.

Anzawo adawanyamulira pachitseko mpaka kumsewu. Kuchipatala adadula mwendo wakumanja pamwamba pa bondo.

Atatuluka ndidawasokera nsapato. Chiyambire ntchito yanga ndidali ndisanasokepo nsapato imodzi yokha, ndipo manja anga adadula zikopa ziwiri mwachizolowezi ndisanazindikire. Ndidadulanso tayala lakale n'kukhomera kunsi kwa ndodo zawo zoyendera kuti zisamaterere. Adalandira n'kuthokoza mwaulemu ngati ndine mlendo.

Kuyambira pamenepo ankakonda kubwera pa boma kudzakhala nane pakhonde. Mwini sitolo ankawatulutsira mpando ndi tiyi. Ankakhala tsiku lonse kuyang'ana malole akudutsa, osaseka, osayamba nkhani. Ukawafunsa kanthu ankayankha mawu amodzi. Mkazi wanga ndiye adayamba kundiumiriza.

"Achimwene akufa ali maso. Pitani kwa a tcheyamani mukapemphe ngoma. A kwathu onse ali pompano, simufunikanso kudikira kuti atsike m'mapiri. Kuvina sangavine, koma pakamwa ali napo. Akangoimba adzakhalanso munthu."

Ndidapita. A tcheyamani a chipani a dera lathu sadali munthu wankhanza. Tidakulira limodzi, ndipo paunyamata ankavina pambali panga. Adandimvetsera mpaka kumapeto, kenaka adadzuka n'kutseka chitseko.

"Achimwene, mukudzimva zimene mukunenazi? Amuna mazanamazana, theka la iwo ochokera kunkhondo, opanda makadi, mikondo ili m'manja, kuseri kwa msika wa boma. Ndani akudziwa kuti pakati pawo pali ndani? Wina akangokanena kumtunda kuti ku Ntcheu kukusonkhana asilikali, amene akagone kundende ndi ine ndi inu."

"Si ndi abale athu omwe aja, a tcheyamani? Amalume anu ali pomwepo pa Biriwiri."

"Ndikudziwa kumene ali amalume anga. Musandifunsenso nkhani imeneyi, ndipo musakauze munthu kuti mudandifunsa."

Julayi ameneyo adadutsa, winanso adadutsa. Amayi adaleka kunyika chimera. Zikopa nazonso zidasowa, chifukwa akuba amfuti ankawoloka kudzatenga ng'ombe ngakhale mbali ino, ndipo amene adatsala nazo adazigulitsa msanga. Zishango zakale za anzathu zina zidadyedwa ndi njenjete, zina zidapsera m'nyumba kutsidya.

Ndiye tsiku lina a tcheyamani omwewo adatulukira pakhonde ali wefuwefu. Adati kukubwera alendo akuluakulu ochokera kunja, eni ake a ufa wa chithandizo, kudzaona othawa nkhondo, ndipo a kumtunda alamula kuti alandiridwe ndi magule. Akufuna ngoma, mizere yonse iwiri, ndipo msanga.

"Mikondo ayi," adatero. "Agwire mabango. Koma zishango zikhalepo, alendo amakonda kujambula zishango."

"Zikopa ndizitenga kuti?"

"Ndinu mmisiri, muona chochita."

Mwini sitolo adandipatsa makatoni a mafuta ophikira. Ndidawadula ngati zishango, n'kulowetsa ndodo kumbuyo, n'kupaka laimu, n'kujambula mawanga ndi polishi wakuda wa nsapato. Ukaima patali zinkaoneka ngati zenizeni. Alamu ankandiyang'ana ndikugwira ntchitoyo. Adatola chimodzi n'kuchiyeza m'dzanja monga adachitira tsiku loyamba lija, n'kuchibwezera pansi. Komabe sabata imeneyo ndidawamva akung'ung'udza nyimbo chapansipansi, ndipo nditauza mkazi wanga adalira ndi chimwemwe. Adachapa malaya a achimwene ake n'kuwasita ndi simbi yamakala.

Tsikulo kudacha ndi nkhungu ndi kamvula kowaza kaja ka m'mapiri muno. Anthu adadzaza bwalo kuyambira m'mawa. Ndidaona nkhalamba za kutsidya zimene ndinkayesa kuti zidafa, zitavala zibiya zosokasoka pamwamba pa makabudula a kaunjika. Anthu ankagwirana chanza, kufunsana za uje ndi uje, ndipo mayankho ambiri adali akuti adatsala komweko. Tidafuna kuyamba kuvina kuti tifunde, koma anyamata a malaya ofiira adati palibe kuponda pansi alendo asanafike. Tidaima m'mizere. Kamvula kadapitirira. Laimu adayamba kuyenderera m'mikono, polishi n'kusakanikirana naye, makatoni n'kufewa mpaka ena kugwa pandodo.

Alendo adafika dzuwa litapendeka, pa magalimoto oyera. Padayamba zolankhula. Kenaka mnyamata wina wa jekete, wotanthauzira alendowo, adayendayenda m'mizere mpaka adaona alamu atakhala pampando kumbuyo, pamene tidawaika kuti azitsogolera nyimbo. Adalamula kuti mpandowo upite kutsogolo, pakati penipeni pa bwalo.

"Bambo, tapindani buluku lanu kuti alendo aone bala."

Alamu adamuyang'ana.

"Mwana wanga, ndabwera kudzaimba."

"Muimba, koma pindani kaye. Zikuthandizani nokha, chithandizo chichuluka."

A tcheyamani adayang'ana pansi. Ine ndidali pamzere ndi katoni yanga yonyowa. Alamu adawerama, namasula chingwe chimene ankamangira mwendo wa buluku, napinda. Alendo adayandikira ndi makamera awo. Mayi wina mwa iwo ankapukuta misozi, ndipo ndikhulupirira kuti chisoni chake chidali chenicheni.

Tidayamba ndi nyimbo yotamanda mtsogoleri, monga mwa lamulo. Itatha, alamu sadadikire kuuzidwa. Adakweza mawu n'kuyambitsa nyimbo yakale, ija tinkatsegulira bwalo. Mawu awo adali omwe aja, sadachepe ngakhale pang'ono. Mzere wa kutsidya udayankha, wathu udayankha, mapazi adagunda pansi. Amayi adalulutira. Kwa kanthawi kochepa kameneko ndidaiwala mvula, ndidaiwala makatoni.

Nyimbo itafika pamene munthu amatuluka kukagiya, palibe adatuluka. Tonse tinkadziwa kuti malo amenewo ndi a yani. Ndipo alamu adadzuka. Adatsamira ndodo imodzi, inayo adaikweza ngati mkondo. Adadumpha kamodzi ndi mwendo wawo umodziwo n'kutera bwino. Anthu adakuwa. Adadumphanso, ndodo idaterera m'matope, ndipo adagwa chafufumimba, nkhope m'thope.

Nyimbo idaduka. Mkazi wanga ndi ine tidathamanga, koma adatikankha ndi chigongono. Adadzikoka okha mpaka pampando. Wotanthauzira uja adawomba m'manja kuti gule apitirire, ndipo tidayambanso mozizira, koma alendo adali atayang'ana kale mawotchi awo. Adakwera magalimoto nyimbo ili pakati. A malaya ofiira adati zatha, aliyense azipita kwawo. Pabwalo padatsala zidutswa za makatoni zimene ana adatola.

Alamu sadabwerenso pakhonde. Tikapita kukawaona ku Biriwiri tinkawapeza kuseri kwa chisakasa atayang'ana kutsidya. Za tsiku lija sadatchulepo, ifenso sitidatchule.

Patapita miyezi, bambo wina wa kumudzi kwawo, amene ankawoloka pa njinga kukagula fodya, adawauza kuti waona ng'ombe zikuyenda zokha m'dambo lina kuseri kwa mudzi wawo wakale, zopanda mbusa, ndipo zina zidali ndi makutu odulidwa monga ankadulira alamu. Mwina zidathawa kwa amfuti aja. Mwinanso bamboyo adangoona ng'ombe za eni ake. Alamu adagwira nkhani imeneyo osaitayanso. Akazi awo adatitumira uthenga, ndipo tidapita kukawaletsa.

"Achimwene, mwendo umodzi mudausiya komweko," adatero mkazi wanga. "Mukufuna mukasiyenso chiyani?"

"Mlongo wanga, ng'ombe zimandidziwa mawu. Sindikazithamangitsa. Ndikangoziitana zibwera."

"Alamu," ndidatero ine, "dikirani nkhondo ithe. Tidzapita tonse."

"Ithe liti? Ana anga akukula akuyesa kuti chakudya chimachokera m'lole. Inu muli ndi singano yanu, alamu, mukadzuka mumadziwa kopita. Ine ndikadzuka ndimadikira kuti kude."

Apongozi adali atakhala chapatali atatifulatira, monga mwa ulemu. Adalankhula osatembenuka.

"Mlekeni. Atate ake adali chimodzimodzi."

Alamu adanyamuka m'mawa wina anthu akuona, atakwezedwa pa kaliyala ya njinga ya bambo uja, ndodo zawo atazipingasa pamiyendo. Mwana wawo wamkazi adawaperekeza mpaka pamsewu.

Bambo wa njingayo adabwerera mawa lake, wapansi, yekha, minga ili thupi lonse. Adati asanafike n'kudambo komwe adakumana ndi anthu amfuti pokhota njira. Iye adataya njinga n'kulowa m'tchire. Atacheuka adaona alamu atakhala pansi pambali pa njingayo, akulankhula ndi anthuwo. Kulira kwa mfuti sadakumve. Zimene adadziwa n'zomwezo, ndipo ngakhale tidamufunsa kambirimbiri sadasinthe mawu ake. Sindidamuimbe mlandu. Munthu wa miyendo iwiri amathawa.

Tidadikira. Aliyense wowoloka kumene tinkamufunsa ngati adaonako mwamuna wamtali wa mwendo umodzi. Ena ankati amuna a mwendo umodzi kumeneko ndi ambiri. Wina adati adamva za munthu wolumala amene amfuti ankamusunga kuti aziwaimbira. Mkazi wanga adakhulupirira zimenezo kwa chaka chathunthu.

Nkhondo itatha, zisakasa za pa Biriwiri zidayamba kuphwasuka, anthu n'kumabwerera kwawo. Ine ndi mkazi wanga tidawoloka nawo. Tinkayenda m'mapazi mwa amene ali patsogolo, osapatuka ngakhale kukataya madzi, poopa mabomba. Pamudzi wa apongozi tidapeza udzu wotalika kuposa munthu ndi mitengo ya mapichesi imene idabereka yokha. Pamene padali khola padamera maungu. Tidafika pokhota njira paja. Padalibe kanthu, ngakhale chitsulo cha njinga. Mkazi wanga adaitana achimwene ake mokweza kangapo, kenaka adakhala pansi m'njiramo.

Titabwerako akuluakulu a banja adasonkhana. Adati munthu sangasowe chonchi mpaka kalekale, tiyenera kukhala pansi, tilire maliro, tivine gule wa maliro woyenera mwamuna ngati ameneyu, timete, kuti akazi ake amasuke ndi ana adziwe poima. Adanena kuti ngakhale popanda mtembo mwambo ulipo wake. Onse adavomera kupatula apongozi.

"Wamuona ndani atafa? Mundionetse pamene wagona, ndiyamba ndine kulira. Mwana wanga sindimulira ali moyo."

Palibe adatha kuwatembenuza. A mpingo adayesa, alongo awo adayesa. Akazi a alamu adadikira zaka zina, kenaka adatopa n'kukwatiwa ku Mlangeni popanda kusudzulidwa, ndipo a kubanja adawanena kwambiri, ine sindidawanene. Ana adabalalika, wina ku Lilongwe, wina ku Tete, winayo sitidziwa.

Apongozi adamwalira ali kwathu kuno, adakana kubwerera kutsidya poti mwana wawo akadzabwera adzayambira kufunsa pa boma. Titawaika, ndidayesa kuti tsopano nkhani ija itheka. Ndidadikira miyezi ingapo n'kuiyambitsa tili kumunda, tikupalira mbatata.

"Mayi, bwanji tiitane abale, tiwalire alamu? Nafenso tikukalamba."

Mkazi wanga adaimika khasu. Ndidaona kuti nkhope yake yafanana ndi ya amayi ake.

"Amayi adakana. Ine ndine yani kuti ndivomere?"

Adaweramanso n'kupitiriza kupalira. Sindidafunsenso. Mpaka lero alamu anga sitidawalire, ndipo m'banja mwathu palibe adameta.